Mboni Yonjenjemera: Mafilimu Oopsa a Zithunzi Zotola

Wosimba nthano madzulo sabisa ntchito yake. Iye ayamba ndi mawu akuti "Padangokhala," ana nayankha kuti "Tili tonse," ndipo kuyambira pamenepo aliyense adziwa kuti alowa m'dziko limene kalulu alankhula ndipo fisi afunsira mbeta. Chilombo cha m'nthanomo chingaopse chotani, mwana adziwa kuti agogo ake ali pompo, ndi kuti iwo agwira chingwe cha nkhaniyo kufikira itatha. Koma ulipo mtundu wina wa nkhani umene susimbidwa chomwecho. Munthu afika kuchokera ku ulendo, akhala pansi, nanena motsitsa mawu kuti usiku wathawu, podutsa pafupi ndi manda, adaona kanthu. Akamfunsa kuti kanali kotani, iye sadziwa bwino, pakuti kunali mdima ndipo adathawa. Nkhani yotereyi ilibe nyimbo, ilibenso mathero okonzeka, komabe ndiyo imene imasowetsa ana tulo.

Opanga mafilimu oopsa nawonso ali ndi njira ziwiri zomwezi. M'filimu ya masiku onse kamera ili ngati wosimba nthano: ipita kumene ifuna, iona chilombo chili kubisala kuseri kwa chitseko, ionanso nkhope ya munthu amene sadziwa kanthu, ndipo nyimbo zichenjeza woonerera kuti choopsa chayandikira. Njira yachiwiri ndiyo imene Azungu aitcha found footage, ndiko kunena kuti zithunzi zotola. Filimu yotere idzionetsa ngati kuti palibe amene adaikonza. Imati anthu ena adajambula zimene zinali kuwachitikira, kenaka adafa kapena kusowa, ndipo matepi awo adatoledwa pambuyo pake. Kamera ili m'manja mwa mmodzi wa iwo. Iye akathamanga chithunzi chigwedezeka, akagwa chigwa naye, akafa nkhani yathera pomwepo. Ambiri amati mphamvu ya njira imeneyi ili m'bodza lakuti zinthuzo zidachitikadi. Kuweruza kotereku n'kwa pamwamba chabe. Bodzalo limagulitsa filimu kwa miyezi ingapo, koma chimene chimaisunga ndi moyo ndicho kuchepa kwa zimene mboni ikhoza kuona.

Nzeru yonamizira kutola idayamba kale kamera isanakhaleko. M'chaka cha 1764 Horace Walpole wa ku England adasindikiza buku lotchedwa The Castle of Otranto, nalionetsa ngati lotanthauziridwa kuchokera ku buku lakale la Chitaliyana lopezeka m'nyumba ya banja lina; posindikiza kachiwiri, chaka chotsatira, ndi pamene adavomera kuti mlembi adali iye mwini. Buku la Dracula, la Bram Stoker, la m'chaka cha 1897, lidamangidwa ndi makalata, mabuku a tsiku ndi tsiku, zodula za m'nyuzipepala ndi zolemba za woyendetsa sitima ya pamadzi, kotero kuti wolemba aliyense adziwa kachigawo kake kokha, ndipo wowerenga ndiye alumikiza.

Pa za mafilimu, dzina limene litchulidwa kawirikawiri monga kholo ndi Cannibal Holocaust, ya Ruggero Deodato wa ku Italy, ya m'chaka cha 1980. Nkhani yake ndi ya mphunzitsi wa pa yunivesite ku New York amene apita ku nkhalango za Amazon kukafuna ojambula anayi amene adasowa. Sawapeza amoyo, koma abwera ndi zitini za filimu zawo, ndipo zitaonetsedwa kudziwika kuti zilombo zenizeni adali ojambulawo, amene adatentha mudzi dala kuti apeze zithunzi zogulitsa. Ganizo lake ndi lakuthwa, koma filimuyo idachimwa tchimo lomwelo limene inali kudzudzula. Nyama zamoyo, pamodzi ndi kamba wamkulu wa m'madzi, zidaphedwa pamaso pa kamera, kuti woonerera ataona mwazi weniweni wa nyama akhulupirire mwazi wonama wa anthu. Ndipo eni nkhalango adaonetsedwa ngati odya anzawo, chinthu chimene wowerenga wa mu Africa sachedwa kuchizindikira, pakuti makolo ake adalembedwa chomwecho m'mabuku ambiri a alendo. Akuluakulu a malamulo adailanda filimuyo itangoonetsedwa ku Milan, ndipo Deodato adaimbidwa mlandu. Si filimu yoti munthu aifunefune.

Yoyenera kuisanthula mofatsa ndi The Blair Witch Project, ya Daniel Myrick ndi Eduardo Sánchez, imene idatuluka m'chaka cha 1999. Iyamba ndi mizere yowerengeka yonena kuti m'mwezi wa Okutobala 1994 ophunzira atatu adasowa m'nkhalango pafupi ndi Burkittsville, m'chigawo cha Maryland ku America, ali kujambula mbiri ya mfiti ya kumeneko, ndi kuti zithunzi zawo zidapezeka patapita chaka. Chotero woonerera auzidwa mathero nkhani isanayambe. Sangayembekezenso kuti Heather, Josh ndi Mike adzapulumuka. Chimtsalira ndicho kupenya mmene atayikire.

Kapangidwe kake n'koyenera kukadziwa. Pafupifupi filimu yonse idajambulidwa masiku 8 okha m'chaka cha 1997, mbali yaikulu m'nkhalango ya Seneca Creek ku Maryland komweko. Osewerawo, Heather Donahue, Joshua Leonard ndi Michael Williams, adasewera ndi maina awo enieni, nagwiranso makamera okha: imodzi ya vidiyo, yotenga mitundu pamodzi ndi mawu, ndi ina ya filimu ya mamilimita 16, yotenga zakuda ndi zoyera. Sadapatsidwe mawu oloweza pamtima. Tsiku ndi tsiku ankapeza timakalata tosiyidwa pa malo osankhidwa, aliyense kake, tomuuza chochita, ndipo zolankhula ankapeka okha. Opanga filimu ankawatsata chapatali, nawachepetsera chakudya masiku akamapita, ndi kuwasokosera usiku kunja kwa tenti. Zojambulidwa zidakwana maola ngati 20, ndipo zidadulidwa kufikira mphindi 81. Ndalama zojambulira sizidapose madola 60,000, koma zimene filimuyo idapeza padziko lonse zidaposa madola 240 miliyoni.

Tsono bodza lija lidagwiradi ntchito yake, ndipo lidali ndi mtengo. Pa chionetsero cha mafilimu cha Sundance, mu Januwale 1999, padagawidwa mapepala okhala ndi nkhope za atatuwo monga anthu osowa. Pa intaneti padaikidwa malipoti opeka a apolisi ndi mbiri yopeka ya mfiti Elly Kedward, amene ankati adapirikitsidwa m'mudzi m'chaka cha 1785. Amake a Heather Donahue adalandira makalata opepesa maliro a mwana amene adali moyo. Anthu a ku Burkittsville, mudzi wa anthu osakwana 200, adavutika ndi alendo ofunafuna mfiti imene kunalibe, ndipo zikwangwani za dzina la mudzi wawo zidabedwa. Osewerawo, amene maina awo adasanduka ngati katundu wa malonda, m'chaka cha 2024 adalemba poyera kupempha kampani ya Lionsgate, imene idatenga umwini wa filimuyo, kuti iwapatseko gawo la phindu, patapita zaka 25.

Koma bodzalo lidafa msanga. Chaka cha 1999 chisanathe, atatuwo adaonekera amoyo m'magazini ndi pa wailesi yakanema. Mantha akadakhala m'bodzalo, filimuyo ikadafera pamodzi nalo. Komabe munthu woionera lero, wodziwa zonse zalembedwa pamwambazi, akafika pa usiku wa m'tenti muja amapezeka atagwira mpando. Chimuopsa n'chiyani?

Akawerenga zimene maso ake aonadi, adzadabwa ndi umphawi wake. Waona timilu ta miyala, choyamba tisanu ndi tiwiri m'nkhalango, kenaka titatu tozinga tenti m'mawa, monga mwa chiwerengero cha ogonamo. Waona tizidole ta timitengo tomangidwa ngati anthu, topachikidwa m'nthambi. Wamva nthambi zikuthyoka mumdima ndi mawu onga a ana. Mfiti sadaione ngakhale kamodzi. Choopsa chachikulu cha masana si chilombo ayi, koma chipika cha pa mtsinje: mapu atatayika (Mike adawakankhira m'madzi chifukwa cha kupsa mtima), atatuwo atsata kampasi kulowera kum'mwera tsiku lonse, nafika madzulo pa chipika chomwe chija adawolokerapo m'mawa. Aliyense amene adasokerapo m'thengo adziwa mmene mtima uchitira pozindikira mtengo umene adaudutsa kale. Filimu ya masiku onse ikadakweza kamera pamwamba pa mitengo ndi kuonetsa msewu uli chapafupi kapena chilombo chili kuwazungulira, ndipo woonerera akadadziwa zoposa osokerawo. Muno sapatsidwa mwayi wotero. Asokera nawo pamodzi.

Chitsanzo chomveka koposa chili pa usiku umene tenti igwedezedwa, atatuwo nathawira mumdima. Heather, ali kuthamanga, afuula kufunsa kuti chimene chija n'chiyani. Akale adati ichi n'chiyani n'kulinga muli awiri; koma pano wachiwiri, ndiye woonerera, sangathandize, chifukwa kamera siitembenuka. Opanga filimuyo adasimba pambuyo pake kuti adaimikadi munthu wovala zoyera pambali pa njira kuti aoneke pang'ono, koma wogwira kamera pothawa sadamjambule, ndipo iwo sadabwereze. Kulakwa kumeneko kudapindula koposa chimene adakonza. Munthu wovala zoyera akadakhala munthu wovala zoyera basi, pamene chinthu chosaoneka chivala maonekedwe alionse amene woonerera aopa kuyambira ubwana wake.

Josh atasowa, Heather apeza mtolo wa timitengo womangidwa ndi nsanza ya malaya ake, ndipo m'kati mwake muli mano, tsitsi ndi mwazi. Chithunzi chake n'chachifupi ndi chosaoneka bwino, kotero kuti oonerera ambiri adatsutsana za chimene chinalimo. Pambuyo pake pabwera chithunzi chodziwika cha filimu yonse: Heather adzilozetsa kamera usiku, napepesa kwa amayi a anzake ndi kwa amayi ake, navomera kuti ulendowo udali nzeru yake. Kamera ili pafupi kwambiri, ndipo chioneka ndi maso, mphuno yochucha mamina ndi chipewa, pakamwa sipaoneka. Wojambula wa ntchito akadachita manyazi ndi chithunzi chotere. Koma munthu wolira mumdima sayesa mpata wa pakati pa nkhope yake ndi galasi, ndipo kupotoka kumeneku kunena za mantha ake zimene mawu ake sakadatha kunena.

Pali funso limene wotsutsa aliyense afunsa, ndipo ndi funso labwino: munthu amene ali pafupi kufa apitiriza bwanji kujambula? Filimu ya zithunzi zotola imene ilephera kuyankha yagwa. The Blair Witch Project idalilowetsa funsoli m'nkhani momwe. Anzake amdzudzula Heather kangapo chifukwa chosazimitsa kamera, ndipo Josh, ataigwira iye mwini, amuuza kuti wazindikira chifukwa chake: kupenya kudzera m'galasi kuchititsa zinthu kuoneka ngati si zenizeni. Kamera yasanduka chishango cha mtima, ndiponso usiku ndiyo nyali yawo. Yankholi n'lokwanira. Zofooka zili pena. Mikangano ya masana italika, ndipo popeza mawu adali opeka pomwepo, kutukwanizana kubwerezedwa mpaka kutopetsa. Wolemba waluso akadadula theka lake. Kugwedezeka kwa zithunzi kudadwalitsa anthu ena chizungulire m'nyumba za kanema, ndipo nseru si mantha, ngakhale otsanzira ambiri adasokoneza ziwirizi.

Otsatira akhoza kuyesedwa ndi muyeso womwewu. Paranormal Activity, imene Oren Peli adajambula m'nyumba mwake ku San Diego ndi madola ngati 15,000, ndipo idafalikira m'chaka cha 2009, idapeza njira yatsopano yochepetsera maso a mboni: pogona anthu usiku, kamera siithamanga. Iimikidwa m'chipinda chogona, iyang'ana kama ndi chitseko chotseguka, ndipo pangodya ya chithunzi pali wotchi yowerenga nthawi. Kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo woonerera aphunzitsidwa kudekha kowawa, akusanthula chithunzi chosasuntha kufikira chitseko chisuntha pang'ono chokha. Pamene mkazi adzuka ali m'tulo naimirira pambali pa kama, akuyang'ana bwenzi lake logona, wotchi ikuthamanga, palibe chilombo chimene chikadaposa pamenepo. Mathero amene adaikidwa pambuyo pake, kampani yaikulu itaitenga filimuyo, a nkhope yolumphira pa kamera, ndi otsika poyerekeza ndi zonse zam'mbuyo, pakuti kudzidzimutsa munthu ngakhale mwana akhoza. Ya ku Spain yotchedwa REC, ya m'chaka cha 2007, ya Jaume Balagueró ndi Paco Plaza, idayankha bwino funso lija la wotsutsa: ogwira kamera ndi atolankhani otsata ozimitsa moto ku Barcelona, amene atsekeredwa m'nyumba yosanja, ndipo kujambula ndiyo ntchito yawo, pomaliza nyali zonse zitafa, kamera yopenya mumdima ndiyo diso lokhalo lotsala. Cloverfield, ya m'chaka cha 2008, idadya madola 25 miliyoni, ndipo ndalamazo zioneka: wogwira kamera, ngakhale ali kuthawa chilombo chogwetsa nyumba za New York, akhala ndi mwayi wodabwitsa wotembenuka nthawi yoyenera kuti chooneka chodula chisaphonyeke. Pamenepo dzanja la wosimba laonekera pansi pa malaya a mboni. Chokoma chake n'chaching'ono: tepiyo idajambulidwa pamwamba pa ina yakale, ndipo apa ndi apo mutuluka tizidutswa ta tsiku lachimwemwe la anthu awiri okondana.

Dzanja limenelo, kunena zoona, lilipo m'mafilimu onsewa, ngakhale abwino. Maola 20 sasanduka okha mphindi 81. Zithunzi za makamera awiri sizilukana zokha. Wina adasankha kuti timilu ta miyala tibwere poyamba, mtolo wa mano pambuyo. Wina adaika koyambirira, pakati pa zokamba za anthu a m'tauni, kankhani kamene kadzafunika pa mphindi yomaliza. Wosimba sadachoke, adangobisala, ndipo kugwedezeka, mdima ndi mawu osamveka bwino, zimene maso azolowera kuziyesa zizindikiro za choonadi, ndi zida zake monga nyimbo ili chida cha agogo aja.

Apa ndi pamene nkhaniyi ikhudza mphunzitsi wa ana. Ana amene iye adzawaphunzitsa akulira pakati pa mafoni ojambula, ndipo tizithunzi togwedezeka, topanda mwini wodziwika, tiyenda kuchokera ku foni kupita ku foni. M'nyumba ya kanema woonerera walipira kuti anamizidwe, ndipo nyali zikayaka apita kwawo. Kunja kulibe nyali yoyaka. M'chaka cha 2017 mphekesera za anamapopa, zosimbidwa ndendende m'kalankhulidwe ka mboni yoona pang'ono mumdima, zidafala ku Mulanje, Phalombe ndi maboma oyandikana mpaka ku Blantyre, ndipo anthu angapo adaphedwa ndi magulu a anzawo ochita mantha. Mwana amene adaphunzira kufunsa kuti wajambula ndani, adaimirira pati, ndipo wadula ndani, ali ndi chogwirira pa tsiku lotero.

Mafilimu ameneŵa si a ana, ndipo mphunzitsi sadzawaonetsa m'kalasi. Koma luso lake likhoza kuphunzitsidwa ndi choko. Pa phunziro la chimangirizo, ana alembe nkhani imodzi kawiri: poyamba monga nthano, wosimba akudziwa zonse, kachiwiri monga kalata ya munthu amene adalipo ndipo aloledwa kulemba zokhazo zimene adaona ndi kumva. Akatero adzazindikira okha kuti nkhani yachiwiri iwoneka yoona koposa, chinkana zonse ziwiri adazipeka iwo eni. Chovuta chawo chachikulu chidzakhala pa mathero, pakuti mwana aliyense afuna kuulula kuti chinthu chija chidali fisi kapena mbala, ndipo mboni yoona nthawi zambiri siidziwa.

Mathero a The Blair Witch Project asonyeza mmene kudziletsa kumeneku kuchitikira. Koyambirira kwa filimu munthu wina wa m'tauni adasimba mongodutsa za Rustin Parr, wokhala yekha m'nkhalango, amene m'zaka za m'ma 1940 adapha ana asanu ndi awiri. Ankawatsitsira m'chipinda cha pansi pa nyumba awiriawiri, naimika mmodzi atayang'ana kungodya pamene ali kupha mnzake. Nkhaniyo siitchulidwanso. Usiku womaliza Heather ndi Mike amva mawu onga a Josh, nawatsata kufikira pa nyumba yabwinja imene makoma ake ali ndi zidindo za manja a ana. Mike, wonyamula kamera ya vidiyo, athamangira m'chipinda cha pansi, ndipo kamera yake igwa. Chithunzi chisinthira ku kamera ya Heather, ija yakuda ndi yoyera. Koma imeneyo siitenga mawu, chotero kukuwa kwake kumveka kudzera m'kamera ya Mike yogwa pansi ija. Woonerera ali m'maso mwa Heather, koma amva mawu ake kutali, akuyandikira pang'onopang'ono pamene iye atsika makwerero. Afika pansi. Mike waimirira pangodya, nkhope kukhoma, osatembenuka. Kamera ya Heather igwa chammbali, ndipo ipitiriza kujambula dothi kwa kanthawi.